MABUKU OSUNGA MBIRI YA MIDZI

Mau amene Mlangizi wa za Ulimi analankhula pa wailesi kwa acikumbi ndi mafumu a m'midzi

Ino ndi nyengo ya cisanu. Cimanga calowa m'nkhokwe, mtedza wakumbidwa, ndipo khasu lapumula pang'ono kufikira nthawi yososa. Masiku ena onse ndimakamba nanu za mbeu, za manyowa ndi za mizere, koma lero ndifuna tikambe za mabuku. Kapena wina afunsa kuti, "Za mabuku zimkhudza bwanji mlangizi wa ulimi? Kodi si nchito ya aphunzitsi imeneyo?" Yankho lace ndi ili. Ife alangizi tikamayenda m'midzi, milandu imene timaipeza kawiri kawiri ndi ya malire a minda. Uyu ati, "Munda uwu anatsegula ndi agogo anga." Uyo ati, "Iai, agogo akowo anangobwerekedwa." Mukafunsa za amene anaona ndi maso, akuuzani kuti anagona kale ku manda. Mudzi umene sunasunge mbiri yace ufanana ndi mcikumbi amene wadya mbeu yace yonse: caka camawa adzapempha kwa ena, nadzalandira ciri conse cimene ampatsa.

Ndasankha mabuku owerengeka, ndipo onse anena za anthu a khasu ngati ife. Ena anena za nkhanza zimene zinacitika pakati pa azungu ndi anthu akuda, ena za cikondi ca mwamuna ndi mkazi, ena za miyambo ndi mbiri ya makolo. Ambiri a mabukuwa anapangidwa m'njira imodzi: munthu anakhala pansi ndi nkhalamba za m'mudzi, nafunsa, nalemba. Pomaliza ndidzakupemphani kuti inunso mucite comweco m'mudzi mwanu.

Za ku Magomero

Buku loyamba dzina lace ndi Magomero. Analilemba m'Cizungu ndi Landeg White, amene kale anaphunzitsapo pa Chancellor College, ndipo linasindikizidwa m'caka ca 1987. Magomero ali m'boma la Chiradzulu, kufupi ndi Namadzi pa mseu wa ku Zomba. Bukuli litsata anthu a malo amodzi okhawo kuyambira 1859 kufikira 1985, ndi kuonetsa zimene anali kulima, zimene anali kudya, ndi amene anali kuwalamulira. Mwini wace anawerenga makalata akale a amishoni ndi a Boma, komanso anakhala pansi ndi anthu a m'midzi ya kumeneko namva za m'kamwa mwao.

Mu July 1861 David Livingstone ndi amishoni a Bishop Mackenzie anakomana ndi gulu la akapolo 84 pa mudzi wa Mbame. Amuna anali m'magoli, akazi ndi ana anali omangidwa ndi zingwe, ndipo onse anali pa ulendo wa ku Tete. Owagula anali anthu akuda otumidwa ndi Apwitikizi, ndipo owagulitsa anali anthu a m'dziko momwemo. Amishoni anawamasula, napita nao ku Magomero kwa mfumu Chigunda, namanga mudzi. Koma posacedwa amishoniwo anatenga mfuti nalowa m'nkhondo ya Amang'anja ndi Ayao, natentha midzi ya Ayao. Bishop Mackenzie anafa ndi malungo mu January 1862, ndipo anzace anasamukira kwa Chibisa ku cigwa ca Shire. Pambuyo pace mvula inakana, ndipo njala ya 1862 ndi 1863 inapha anthu osawerengeka.

Patapita zaka ngati 30, malo omwewo, maekala oposa 160,000, analowa m'manja mwa Alexander Low Bruce, amene anakwatira mwana wamkazi wa David Livingstone. Woyang'anira mundawo kuyambira 1893 anali William Jervis Livingstone. Ca m'ma 1900 Alomwe ambiri anafika kucokera ku Mozambique, ali kuthawa nkhanza za Apwitikizi, ndipo analoledwa kumanga pa malowo pokha pokha atabvomera thangata. Mau awa akuti thangata anali abwino kwa makolo athu. Anali kunena za kuthandiza mfumu kapena mnansi pa munda wace, nthawi zina pali mowa. Koma pa minda ya azungu mauwa anapindidwa. Munthu anayenera kugwira mwezi umodzi wolipira malo ndi mwezi wina wolipira msonkho. Mweziwo unali kuwerengedwa pa tikiti, ndipo ngati munthu sanamalize ndime imene kapitao wamdulira, tsiku limenelo silinali kulembedwa. Cotero miyezi iwiri inali kusanduka inai, isanu, ngakhale isanu ndi umodzi. Ndipo nchitoyi anali kuifuna m'dzinja, pa nthawi yobzala ndi yopalira thonje. Inu acikumbi simusowa kuuzidwa cimene cimacitika ndi munda umene sunaone khasu mu December ndi January. Akazi amasiye naonso anali kuwagwiritsa thangata. Cikoti cinalipo, ndipo malipiro nthawi zina anali fodya m'malo mwa ndalama.

Ku malire a munda umenewu kunali mishoni ya Providence Industrial Mission ku Mbombwe, imene Mbusa John Chilembwe anayambitsa mu 1900 atabwerako ku maphunziro ku America. Ambiri a mpingo wace anali anthu a thangata omwewo. Eni munda analetsa masukulu pa malo ao, ndipo nyumba zopempherera zimene anthu a Chilembwe anali kumanga zinali kutenthedwa. Itabuka nkhondo ya 1914, asilikali akuda anafa ku Karonga pomenyana ndi Ajeremani. Mu November caka comweco Chilembwe analemba kalata ku nyuzi ya Nyasaland Times kudandaula kuti anthu osauka ali kufa pa nkhondo imene si yao. Boma silinamvere.

Usiku wa Loweruka, pa 23 January 1915, anthu a Chilembwe anaukira. Anapha azungu atatu a pa munda wa Bruce, ndipo William Jervis Livingstone anamdula mutu m'nyumba mwace, mkazi wace alipo. Akazi ndi ana a azungu anatengedwa, koma sanawapweteke, ndipo pambuyo pace anawamasula. Gulu lina linapita ku sitolo ya Mandala ku Blantyre kukatenga mfuti, koma linapeza zocepa. Pa masiku owerengeka zonse zinatha. Chilembwe anaomberedwa pa 3 February ali kuthawira ku malire a Mozambique. Kubwezera kwa Boma kunali kwakukulu koposa. Midzi inatenthedwa, ena anaomberedwa wopanda mlandu kuzengedwa, anthu ngati 40 anaphedwa ataweruzidwa mofulumira, ndipo ngati 300 anaikidwa m'ndende. Chalichi ca njerwa ca ku Mbombwe anaciphulitsa ndi wonga, ndipo mishoniyo inakhala yotseka kufikira 1926 pamene Dr Daniel Malikebu anaitsegulanso. Bungwe limene Boma linaika kuti lifufuze nkhaniyi linapeza kuti anthu a pa munda wa Bruce anali kuzunzidwadi. Ngakhale zinali conco, thangata sanathe. Boma linagula gawo lalikulu la malowo m'zaka za m'ma 1950, ndipo lamulo lothetsa thangata linadza mu 1962.

Alipo mabuku ena onena za nkhondo ya Chilembwe. George Shepperson ndi Thomas Price analemba Independent African mu 1958. Shepperson anaphunzira cinenero cathu kwa asilikali a kwathu kuno amene anali nao pamodzi pa nkhondo yaciwiri. Koma limene ndifuna mulikumbukire ndi la George Simeon Mwase, kalaliki wa ku Utonga. Iye anali m'ndende ya Zomba mu 1931 ndi 1932, ndipo m'menemo anapezamo Wallace Kampingo, mmodzi wa anthu a Chilembwe, amene anali asanamasulidwe kuyambira 1915. Mwase anamfunsa, nalemba zimene anamva. Mapepala amenewo anakhala zaka 35 osasindikizidwa, kufikira 1967 pamene anatuluka ndi dzina lakuti Strike a Blow and Die. Mwase akanati adikire tsiku labwino, mau a Kampingo akanakwiriridwa pamodzi ndi mwini wace.

Tsono wina anganene kuti, "Bwanji kufukula zowawa zimene zinapita kale? Kodi sizidzadzutsa cidani?" Ine ndiona kuti cidani cimakula bwino pamene anthu amva nkhani yodukaduka. Amene wawerenga Magomero yense adziwa kuti kunali azungu omasula akapolo ndi azungu okwapula anthu, kunali anthu akuda ogulitsa anzao ndi anthu akuda ofera anzao, ndiponso kuti mwazi wa 1915 unayambira pa zinthu zimene mcikumbi ali yense azidziwa: munda wosapalira, tikiti yosalembedwa, sukulu yoletsedwa, dandaulo losayankhidwa. Akulu anati mlandu suola. Inu mafumu, amene mumamva madandaulo a anthu tsiku ndi tsiku, bukuli likucenjezani kuti dandaulo limene mwalibweza pa bwalo silinathe ai, langopita kukadikira kwina. Ndipo inu ana a Alomwe a ku Chiradzulu, Thyolo, Mulanje ndi Phalombe, m'menemo mudzamva mtengo umene agogo anu analipira pa nthaka imene muli kulima lero.

Buku la cikondi

Ndikachula buku la cikondi, ndidziwa kuti madoda ena aseka nati, "Izo n'za anyamata a ku mphala." Koma taganizani, milandu ingati imene imafika pa bwalo panu imene siyambira pa ukwati? Tsono tiyeni ticoke kwathu kuno pang'ono, tipite ku Botswana, dziko louma la ng'ombe limene licita malire ndi South Africa. Kumeneko, m'mudzi waukulu wa Serowe, kunali mai wina dzina lace Bessie Head. Anabadwira ku South Africa mu 1937, amai ace mzungu, atate ace munthu wakuda, pa nthawi imene lamulo la kumeneko linali kuyesa cikondi cotere mlandu. Anakula wopanda makolo ace, ndipo mu 1964 anacoka m'dzikomo nakakhala ku Botswana monga wothawa kwao. Kumeneko anagwirapo nchito za ulimi wa m'dimba pamodzi ndi anthu a m'mudzi. Anamwalira ku Serowe mu 1986. Buku lace loyamba, When Rain Clouds Gather, linatuluka mu 1968. Magomero ndi mbiri yeni yeni, koma ili ndi nthano yopeka, ngakhale zambiri za m'menemo anazitenga pa zimene anaona ndi maso.

Nthanoyo inena za mnyamata wa Cizulu, Makhaya, amene watuluka kumene m'ndende za ku South Africa, nadumpha waya wa pa malire usiku. Mtima wace ndi wodzala ndi mkwiyo cifukwa ca zimene azungu a kwao anamcita. Nkhalamba ina, Dinorego, impeza pa njira nipita naye ku mudzi wa Golema Mmidi. Kumeneko kuli Mngelezi wodziwa za ulimi, Gilbert, amene wayambitsa bungwe logulitsira pamodzi ng'ombe, ndipo afuna kuti anthu ayambe kulima fodya kuti apeze ndalama zokumbira zitsime. Koma amuna amakhala kutali ku madyo a ng'ombe, ndipo olima ndi akazi. Gilbert adziwa zambiri, koma sadziwa kuphunzitsa. Cotero apatsa Makhaya nchito yophunzitsa akaziwo kulima fodya, kumanga zigafa ndi kukumba madamu ang'ono osungira madzi a mvula. Wotsogolera akaziwo ndi Paulina, mkazi wamasiye wa ana awiri, wolimba mtima ndi wosabisa mau. Iye amkonda Makhaya, koma Makhaya aopa kukonda munthu ali yense. Cikondi cao cikula pang'ono pang'ono pa nchito pomwepo, poponda dothi ndi ponyamula mitengo.

Kenaka cilala cidza, ng'ombe zifa zambiri, ndipo mwana wamwamuna wa Paulina afera yekha ku madyo a ng'ombe kumene anali kuweta. Amene apita kukaona mtembo, namcitira mai uja zonse zofunika, ndi Makhaya. Mfumu ya mudziwo, Matenge, imene idana ndi nchito zatsopanozi cifukwa zicepetsa phindu lace, iitana Paulina kuti imzenge mlandu wa imfa ya mwana wace yemwe. Tsiku limenelo mudzi wonse unyamuka nupita naye limodzi, nukhala pansi pa bwalo la mfumu wopanda cida kapena phokoso. Mfumuyo poona khamulo idzitsekera m'nyumba nidzimangirira. Pomaliza Makhaya afunsira Paulina ukwati.

M'nthanoyi ine ndipezamo zinthu zitatu zotikhudza. Coyamba, nchito yatsopano ya ulimi imene yalambalala akazi siimera. Caciwiri, mlendo wobwera ndi mabala mu mtima angathe kusanduka mzati wa mudzi ngati eni mudzi ampatsa nchito ndi banja, ndipo ife a cikamwini tiyenera kumva cimeneci msanga kuposa ena. Cacitatu ndi ca inu mafumu: ulemu wa mfumu uli m'manja mwa anthu ace, ndipo tsiku limene iwo aucotsa, mpando wokha sungamthandize.

Kwathu kuno liliponso buku limene lionetsa kuyesedwa kwa cikondi. Megan Vaughan analemba The Story of an African Famine mu 1987, lonena za njala ya 1949 m'boma la Blantyre. Makalata a Boma ananena za matumba a cimanga ndi za mitengo yace. Koma iye anapita kwa amai a m'midzi namvera nkhani zao ndi nyimbo zao za pa mtondo. Amaiwo anakumbukira caka cimeneco monga caka cimene maukwati anatha. Amuna ambiri ananena kuti apita kukasuma cakudya kwao kapena ku madera akutali. Ena anabwerera ndi cakudya napulumutsa ana ao, koma ena anakakwatira komweko osabweranso. Zimenezi sizinalembedwe m'kalata ili yonse ya Boma. Zikanatayika cikanapanda kuti munthu anakhala pafupi ndi mtondo nafunsa.

Mbiri ya makolo

Mabuku amene ndachulawa ali m'Cizungu, koma musaganize kuti nchito yotere ndi ya azungu okha. Samuel Yosia Nthara, amene anabadwa mu 1905, anali mphunzitsi wa mishoni ya Nkhoma, ndipo analemba m'cinenero cathu. Buku lace la Nthondo, lonena za moyo wa munthu mmodzi kuyambira kubadwa kufikira kufa, linapambana pa mpikisano wa mabuku a m'zinenero za mu Africa mu 1933, ndipo Cullen Young analimasulira m'Cizungu mu 1934. Pambuyo pace Nthara anayenda m'midzi kufunsa nkhalamba za Kalonga, za Undi, za Mwase ndi za mafuko a Phiri ndi Banda, nalemba Mbiri ya Acewa m'zaka za m'ma 1940. Nkhalamba zimene anacezera zinaona nkhondo za Angoni ndi maso ao. Lero palibe ndi mmodzi yemwe wotsala, koma mau ao alipo. Mu 1965 John Gwengwe naye analemba Kukula ndi Mwambo, lonena za maleredwe a ana pakati pa Acewa.

Mwa mabuku a Nthara, limene ndifuna kuti nyakwawa ili yonse ilimve ndi la Msyamboza, limene linamasuliridwa m'Cizungu mu 1949. Msyamboza anali mfumu ya mudzi wa Chibanzi m'boma la Dowa, ndipo anamwalira mu 1926 ali wokalamba ndithu. Anakula m'masiku a nkhondo ndi malonda a minyanga ya njobvu, ndipo iye mwini anali mlenje. Koma zinthu zitayamba kusintha sanaumirire za dzulo. Analandira sukulu yocokera ku mishoni ya Kongwe, anakumba ngalande zopatutsira madzi ku minda, nalima tirigu ndi ndiwo za m'dimba m'cilimwe. Iye sanali mfumu yaikulu ai, anali nyakwawa ngati inu. Mafumu anzace ambiri a nthawi imeneyo anacita zazikulu naonso, koma maina ao sitiwadziwa. Msyamboza timdziwa cifukwa mphunzitsi mmodzi anapita kwa amene anamdziwa, nalemba.

Cimene mudzi uli wonse ungacite

Tsono mau anga ndi awa. Coyamba, funani mabukuwa. Funsani aphunzitsi a pa sukulu yanu, kapena ku laibulale ya pa boma panu. Amene ali kufupi ndi Blantyre angafunse ku laibulale ya Society of Malawi ku Mandala, ndipo a ku Zomba angafunse ku nyumba yosungira makalata akale a Boma. Ena a mabukuwa ndi osowa, cotero mukalipeza limodzi, lisamaleni. Buku limodzi likwanira mudzi wonse. Madzulo a nyengo ino, pamene nchito ya ku munda yacepa, mphunzitsi kapena mwana wa sekondale awerenge masamba awiri kapena atatu, namasulire m'cinenero canu, ndipo akulu anenepo. Mudzaona kuti nkhalamba imene imangokhala cete idzayamba kunena kuti, "Kwathu kunonso zinacitika zotero."

Caciwiri, ndipo ici ndico cacikulu, yambani buku la mudzi wanu. Sonkhani ndalama pang'ono mugule makope awiri a cikuto colimba. Sankhani wolemba wa dzanja looneka bwino ndi wa mtima wodekha, wosathamangira kutsutsa akulu. Ayambe ndi amene ali okalamba koposa, ndipo ayambe mwezi uno, pakuti cisanu sicicedwa kutenga nkhalamba. Asafunse amuna okha. M'midzi yambiri ya kwathu mbumba imayenda ndi akazi, ndipo agogo akazi ndiwo adziwa amene anabala uje ndi amene anadzakwatira kuno. Afunse kuti mudzi unacokera kuti, unagona pati ndi pati pa njira, ndipo malo ano anaupatsa ndani. Alembe maina a onse amene anadya dzina la ufumu, mmodzi mmodzi. Alembe malire monga akulu awanena: mtsinje uti, culu citi, mtengo uti, manda ati. Alembe minda imene inabwerekedwa, ndi amene anabwereka, ndi mboni zace. Alembe mbeu zimene makolo anali kubzala, mapira, mawere, cimanga ca makolo, ndi ndiwo za m'chire zimene zinapulumutsa anthu pa njala. Alembe za 1949, za njala ya 2002, ndipo m'maboma a kumwera alembe za namondwe wa Freddy wa mu March 2023, pamodzi ndi maina a amene anapita ndi madzi. Alembenso za maukwati: anyamata anali kufunsira bwanji mbeta, cikole cinali ciani, ankhoswe anali kunena zotani, ndi maukwati ati amene analumikiza mudzi wanu ndi midzi ina.

Pali zocenjera nazo zitatu. Zowawa musazilumphe. Ngati m'mudzi mwanu munali thangata, kapena wina anagwidwa ukapolo, kapena anamangidwa mu March 1959, zilembedwe. Koma pamene akulu awiri anena zosiyana, lembani zonse ziwiri ndi dzina la wonena, ndipo wolembayo asaweruze. Caciwiri, zimene mwambo uletsa kuululidwa, monga za ku dambwe ndi za ku tsimba, zisalowe m'buku. Eni ace ali nayo njira yao yozisungira. Cacitatu, zolembedwazo ziwerengedwe pa bwalo pamaso pa onse, kuti wotsutsa atsutse akulu akali moyo. Buku lolembedwa mseri ndi banja limodzi lidzabala milandu yoposa imene lifuna kuthetsa. Mukatha, kope limodzi likhale kwa mfumu, lina kwa munthu wokhulupirika wa banja lina kapena ku sukulu. Muliike m'citini cotseka bwino pamwamba, kutali ndi ciswe, makoswe ndi kudontha kwa denga, monga mumasungira mbeu.

Nchito imeneyi ili ndi phindu looneka. Lamulo la malo a makolo la 2016 linakhazikitsa makomiti a malo pansi pa mafumu a gulupu, kuti anthu azitha kulembetsa minda yao. Buku la mudzi si kalata ya umwini wa malo ai, ndipo musalitenge conco. Koma tsiku limene komiti idzafunsa kuti munda uwu unayamba bwanji, mudzi umene uli ndi mau a nkhalamba, olembedwa ndi obvomerezedwa pa bwalo, udzayankha mosabvuta. Mkazi wamasiye ndi mwana wamasiye, amene mau ao samveka pakati pa amphamvu, ndiwo adzathandizidwa koposa. Mau a akulu akoma akagonera, koma kuti agonere, pafunika powasunga.

Inu mafumu, kambiranani nkhaniyi ndi nduna zanu sabata ino, ndipo mukakomana ndi mlangizi wa kwanu mumuuze dzina la wolemba amene mwamsankha. Sabata yamawa, nthawi ngati yomwe ino, tidzakamba za kakonzedwe ka nazale za fodya ndi kasankhidwe ka malo ace.